Anamulira Mwandida Ali Moyo

Nkhani iyi si yanga. Ndinaimva kwa mwini wake, Mwandida, atakhala pakhonde langa ku Chilomoni, ndipo pamene iye mawu ankamuthera, ankapitiriza ndi mwamuna wake, bambo Gelesomu, mmisiri wa matabwa. Ine mumpingo ndimayendera odwala ndi ofedwa. Ndimamvetsera, ndimapemphera, basi. Ndikuuzani monga anandiuzira. Pamene sindikudziwa ndinena kuti sindikudziwa.

Kuseri kwa Lunzu kuli nyumba ina ya malata imene mbiri yake inafika mpaka pa wailesi. Munkakhala mayi wina wogulitsa tomato, dzina lake Nelesi. Anamwalira m'nyengo ya kolera, ndipo anaikidwa monga ankaikira anthu nthawi imeneyo: anamukulunga m'pulasitiki, n'kumukwirira tsiku lomwelo. Panalibe kugona pasiwa, panalibe nyimbo, panalibe womulira. Kuchokera pamenepo, wochita lendi m'nyumbamo sankakhalitsa. Sikuti ankaona chinthu ayi. Ankangoti akachokapo masana, pobwera ankapeza mipando yonse yatulutsidwa panja, pabalaza payalidwa mphasa, ndipo pamsewu paikidwa masamba, monga timachitira pakakhala maliro. Nyumba inkakonzekera anthu amene sankabwera.

Mnyamata wina wojambula maukwati, Zakeyu, anamva nkhaniyi n'kupanga filimu. Pa malo a Nelesi anaikapo Mwandida, mayi wogulitsa kaunjika amene ankadziwika ndi masewero a kutchalitchi. Anamupaka ufa kumaso, n'kumamuyendetsa chammbuyo. Filimuyo inayenda kwambiri m'nyumba zoonetsera mavidiyo ndi m'mafoni. Ana ankamuthamangira pamsewu akukuwa kuti, “Mzukwa! Mzukwa!” ndipo iye ankawathamangitsa mwamasewera, mwana wake wamkazi Tawina ali kumsana, akuseka.

Anthu atayamba kufunsa za gawo lachiwiri, Zakeyu anaganiza kuti m'gawo limeneli mzimu uja ulandire chimene unkafuna. Aujambulire maliro athunthu, m'nyumba yeniyeniyo, popeza inali ikadali yopanda anthu. Eni manda a m'mudzimo anakana kuti kamera ilowe kumanda, choncho anyamata a Zakeyu anakumba okha dzenje kumunda wa kuseri kwa nyumba, pafupi ndi mabulugamu. Olira anawapeza m'mudzi momwemo, atawalonjeza zitenje. Wowatsogolera anali a Nasibeko, mayi wachikulire amene ankagulitsa moyandikana ndi Nelesi.

Linali Loweruka, dzuwa likuswa mtengo. Bokosi analiika pabalaza, chitseko chili chotsegula. Mwandida anagonamo, thonje lili m'mphuno. Zakeyu, poti ndi wamfupi, anakwera mtengo wa mango kuti ajambule khamu lonse kuchokera pamwamba.

“Amayi, ndi zophweka,” anakuwa ali mumtengomo. “Ndikakweza dzanja, mulire. Muzitchula dzina. Nelesi, Nelesi, mwatisiya!”

Anakweza dzanja, koma palibe analira.

“A Zakeyu, tsikani mumtengomo,” anatero a Nasibeko. “Lero tidya kwanu.”

Azimayi onse anafa nacho chiseko, koma Zakeyu atatsika, a Nasibeko anali atasiya kuseka.

“Dzina limenelo sititchula. Pakhomo pake pomwe? Mukufuna atiyankhe?”

“Ndi sewero chabe, amayi.”

“Sewero kwa inu a m'tauni. Madzulo ano mukwera minibasi. Ife tigona konkuno.”

“Chabwino, ingolirani osatchula munthu.”

“Tilire chiyani, mphepo? Ife timalira munthu. Tipatseni dzina lina.”

Anakangana kwa nthawi. M'bokosi muja munkatentha ngati mu uvuni, ndipo ufa unayamba kusungunuka kumaso kwa Mwandida. Ndiye anadzutsa mutu, thonje likulendewera, n'kunena kuti, “Tchulani langa, amayi, ndapsa muno! Ndine Mwandida. Lirani msanga ndituluke, kwathu ndasiya nyemba pamoto.”

Anthu anasekanso. Zakeyu anawomba m'manja. “Zatheka! Mawuwo ndikawasintha pa kompyuta.”

 Pamenepa pondiuza, Mwandida anati, “Amayi, palibe anandikakamiza. Dzinalo ndinawapatsa ndekha.”

Anayamba kulira mwasewero, ena akubisa chiseko m'zitenje. Koma mudzi umenewo kolera inaupweteka. Pafupifupi mayi aliyense pamenepo anali ndi wake amene anapita m'pulasitiki osaliridwa. A Nasibeko eni ake anali atataya mwamuna. Misozi imene anaisunga nthawi yonseyo inapeza njira. Posakhalitsa kunalibenso sewero. Azimayi ankagubuduka pamphasa, akubuma, akuitana kuti, “Mwandida iwe! Mwandida, watisiyiranji? Mwana wako umusiyira yani?” Anthu odutsa pamsewu anatsika panjinga. Amuna anavula zipewa.

“Sindinayambe ndakondedwapo choncho,” anandiuza Mwandida. “Kutentha konse kunatha. Kuzizira kunayambira kumapazi, kukwera pang'onopang'ono, koma kunali kokoma ngati madzi a pachitsime. Sindinafune kudzuka.”

Ali chigonere, maso otseka, anamva chitseko cha kuchipinda chikutseguka. Kuchipindako kunalibe munthu, anali atakhomako ndi msomali m'mawa. Anamva mapazi opanda nsapato akuyenda pasimenti, osafulumira. Anafika pambali pa bokosi, anaima. Anamva mpweya wa munthu pamphumi pake, ngati wina waweramira kuti amuyang'anitsitse. Kenako mapaziwo anapitirira, n'kutuluka panja.

Atatha kujambula za m'nyumba, anamutulutsa m'bokosi, analikhomera lopanda kanthu, ananyamula, anakalitsitsira m'dzenje muja n'kukwirira. Mtumbira utakwera, a Nasibeko anafunsa kuti, “Kodi mwaikamo chiyani?”

“Palibe,” anatero Zakeyu.

“Mayo ine! Manda sakwiriridwa opanda kanthu. Wamoyo akatuluka, mumaikamo mvunguti kapena thunthu la nthochi kuti dzenje lisamudikire. Fukulani.”

“Amayi, batire latha ndipo anyamata atopa. Tidzabwera mkati mwa sabata.”

Sanabwere.

Zachilendo zinayamba pobwerera pomwe. Mu minibasi, kondakitala anakankhira bambo wina pamiyendo pa Mwandida akunena kuti, “Mpata uwo, madala!”

“Iwe, sukundiona?” anakalipa Mwandida.

Kondakitala anadzidzimuka ngati wadzutsidwa kutulo. “Pepani asisi, sindinakuoneni.” Koma kumpando wa kumbuyo kunali mpata woonekeratu pafupi ndi windo, ndipo pa siteji iliyonse ankauza anthu kuti yadzaza. Amene mumawadziwa makondakitala, munaonapo wosiya mpata?

Kunyumba zinabwera pang'onopang'ono. Bambo Gelesomu ankatenga mbale ziwiri, yawo ndi ya mwana, n'kukhala pansi. Mwandida akadandaula ankapepesa, mawa n'kubwerezanso. Oyandikana nawo anasiya kumupatsa moni. Sichinali chidani, chifukwa akawalankhula ankalumpha, n'kugwira pamtima. Kumsika, ogula ankafika pabenchi pake, n'kufunsa mayi wa pambali kuti, “Eni ake a pano apita kuti?” iye ali pompo, akupinda malaya.

Kenako zinthu zake zinayamba kusowa. Chipeso. Chitenje cha maluwa ofiira chimene ankapitira nacho kutchalitchi. Masilipasi ake anasowa masiku angapo, n'kudzawapeza pakhomo atayalidwa bwinobwino, ali ndi dothi lofiira limene kuno ku Chilomoni kulibe. Atawagwira, anali ofunda.

Tsiku lina masana anapita kukatenga Tawina kusukulu ya mkaka. Mphunzitsi anamuyang'ana nthawi yaitali, ngati akuyesa kukumbukira.

“Amake Tawina, simwamutenga kale?”

“Ndamutenga liti?”

“Posachedwapa. Munavala chitenje chofiira chija. Simunalankhule, koma mwana anakuthamangirani.”

Anathamanga njira yonse. Anapeza mwana atakhala pakhonde, atasambitsidwa, akudya mbatata yootcha.

“Tawina! Wakutenga ndani?”

 Mwana anapitiriza kudya.

“Tawina, mwana wanga, ndikulankhula ndi iwe!”

Pamenepo mwana anakweza maso, anamuyang'ana monga ana amayang'anira mlendo, n'kutembenukira m'nyumba.

“Amayi,” anaitana, “pabwera munthu.”

Mwandida analowa ngati wamisala. Anatsegula chipinda, anayang'ana pansi pa bedi, kuseri kwa chitseko, kubafa. Munalibe munthu. Koma pambaula panali poto wa madzi amene iye sanateleke, ndipo pabedi panali polowa, ngati wina wangonyamukapo.

Bambo Gelesomu ndinawafunsa ndekha kuti, “Bambo, kodi inu mumaona chiyani?” Anapotokola chipewa m'manja, misozi ikulengeza.

“Amayi, ndikanama ndikati ndinaonapo nkhope. Ndikaweruka ndimapeza madzi osamba ali otentha, chakudya chili chovundikira. Ndimamva wina akung'ung'udza nyimbo kukhitchini, mtima wanga n'kukhala pansi kuti mkazi wanga alipo. Ndikalowa kukhitchiniko, amakhala atangotuluka kumene. Ndimangoona nsonga ya chitenje ikukhota pakona. Ndiye wina amandigwira dzanja, ndikacheuka ndi amake Tawina, akhala pampando nthawi yonseyi, akulira. Ndikawaona chonchi, chimene chimandigwira si mantha. Ndi chisoni. Ngati ndikuyang'ana chithunzi cha malemu.”

Ananena mawu akuti malemu mkazi wawo ali pambali pawo, pamkeka womwewo. Mwandida sanakwiye. Anangoweramitsa mutu.

Anapita kwa Zakeyu kuti akamuuze asatulutse filimuyo. Anamupeza m'kashopu kake, ndipo atangoona bambo Gelesomu anaimirira, anawagwira dzanja ndi manja awiri, n'kunena motsitsa mawu kuti, “Achimwene, pepani ndi zovutazi.”

“Zovuta zanji? Mkazi wanga ndi uyu!”

Zakeyu anaphethira, anayang'ana pamene ankalozapo, thukuta n'kutuluka. “Alamu! Mwabwera? Ine sindikudziwa chimene ndimanena.”

“Dzina langa unalichotsa?” anafunsa Mwandida.

Zakeyu anayang'ana pansi. Anati anayesa. Anaitana atsikana kuti alire dzina la Nelesi n'cholinga choti aike pamwamba, koma kulira kwawo kunkamveka ngati amphaka. Kulira kwa amayi a ku Lunzu kunali kwenikweni, kogwetsa misozi ngakhale mwamuna. Anaona kuti kukuchotsa n'kupha filimu. Anakusiya momwemo, ndipo filimuyo inali itatuluka kale sabata yathayo.

Potuluka m'shopumo anadutsa pa nyumba yoonetsera mavidiyo, ija ya zipupa za mapepala ndi sipika panja. Mawu a a Nasibeko ankamveka msewu wonse: “Mwandida iwe! Mwana wako umusiyira yani?” Patsogolo pang'ono, telala ankaonera yomweyo pafoni. Ku Ndirande, ku Bangwe, ku Zomba, kulikonse kumene foni ikufika.

“Ndimaliridwa m'mawa, ndimaliridwa masana,” anandiuza. “Munthu mmodzi angafe kangati, amayi?”

Chiyembekezo chinatsala pa dzenje lija. Bambo Gelesomu anapeza mvunguti, anaukulunga m'thumba, n'kupita ndi mkazi wawo ku Lunzu. A Nasibeko atawaona anayala mphasa, anakhala pansi, n'kuyamba kuwapepesa maliro. Pamene Mwandida anawagwira phewa, mayi wachikulireyo anakuwa, kenako anamukumbatira.

“Mwana wanga, tinakulakwira. Tinkaopa kuitana wakufa, ndiye tinaperekeza wamoyo.”

Nyumba ya malata ija inali ndi anthu. Panja panayanikidwa matewera, wailesi ikuimba. A Nasibeko anati chichokereni ojambula, mipando sinatulukenso. “Mwini nyumbayi anachoka tsiku lomwe lija. Ife timati wagona. Kani anapita nanu?”

Ulendo uno anaitana adzukulu enieni, aja okumba manda a m'mudzimo. Anafukula mwakachetechete mpaka khasu linagunda thabwa. Wamkulu wawo anatsikira m'dzenje, anasesa dothi ndi manja, n'kugogoda chivundikiro ndi mpini. Anatchera khutu. Anagogodanso kumutu, anagogoda kumiyendo. Kenako anatambasula dzanja kuti anzake amukokere kunja.

“Tsegulani, agogo,” anatero bambo Gelesomu. “Mvunguti ndi uwu.”

“Mvunguti timaika m'bokosi lopanda kanthu. Bokosi lopanda kanthu ukaligogoda limayankha. Ili silikuyankha.”

“Koma tinalikwirira lopanda kanthu! Anthu onsewa anaona!”

“Sindikutsutsa, bambo. Ndikungoti pano muli mwini wake. Ife sititsegulira munthu amene wagona.”

“Ndili pano!” anakuwa Mwandida. “Ndili pano, ndiyang'aneni!”

Adzukulu anayang'ana kumabulugamu, ngati amva mbalame, n'kuyamba kukwirira. Iye anandiuza kuti chimene chinamuopsa kwambiri si mawu a mkuluyo. Chinali chakuti poyang'ana m'dzenjemo, thupi lake linalakalaka kugonamo, monga munthu wochoka kumunda amalakalakira mphasa yake.

Ifenso tinayesa mbali yathu. Lachinayi lina tinapita amayi a mumpingo kukapemphera kunyumba kwawo. Nyumba inali yoyera, pansi popakidwa polishi, makatani ochapidwa. Tinaimba, tinawerenga Mawu, tinagwada. Mayi amene ankatsogolera pemphero ndi munthu woopa Mulungu, ndipo ankadziwa bwino chimene tabwerera. Koma ndinamva pakamwa pake pakutuluka mawu akuti, “Atate, limbikitsani bambo Gelesomu, ndipo muyang'anire mwana wamasiyeyu.” Tonse tinati Amen. Titakhala chete, kuchipinda kunamveka Amen wina, wochedwa pang'ono, wa mawu otsika, aulemu.

Palibe anadzuka kukayang'ana. Tinatsanzika mofulumira. Sindikudziwa chimene chinali kuchipindako, ndipo sindinena zimene sindinaone.

Patapita nthawi Mwandida anasiya kugona m'nyumbamo. Anati pabedi panalibenso malo ake, ndipo mwana ankalira akamuona pafupi. Kumene ankagona sanandiuze. Kumsika benchi lake analipatsa wina. Masana ankakhala pansi pa mtengo wa kesha, tsidya la msewu, moyang'anana ndi nyumba yake.

Ulendo womaliza anabwera kwathu yekha, nthawi ya nkhomaliro. Ndinamva kuti “Odi” kangapo ndisanazindikire kuti pakhonde pali munthu. Anali ataonda, koma nkhope yake inali yodekha. Ndinamugwira dzanja kuti maso anga asamutaye, ndipo sindinalisiye mpaka anamaliza.

“Tawina anadwala malungo sabata yatha,” anatero. “Thupi linatentha ngati mbaula. Bambo ake anali kuntchito. Ndinalowa, ndinatenga kapu ya madzi, ndinamuika pakamwa. Anakana, amayi. Anatembenukira kukhoma akukuwa kuti, ‘Ndikufuna amayi anga!’ Ndinayesa kumunyamula kuti ndithamangire naye kuchipatala, anandiluma. Ndinatuluka, ndinakaima pawindo.”

“Ndiye zinatha bwanji, mwana wanga?”

“Katani inali yotseka. Ndinangomva bedi likulira ngati wina wakhalapo. Mwana anatonthola. Ndinamva akumeza madzi. Ndinamva nsalu ikufinyidwa m'beseni, kenako nyimbo yapansipansi imene ine sindiidziwa. Bambo ake atafika anapeza mwana atavekedwa kale, chikwama chili pakhomo. Anapita naye kuchipatala. Wachira. Dzulo ndinamuona akupita kusukulu, tsitsi lolukidwa mizere yowongoka bwino. Ine sindinkatha kuluka choncho. Wanenepa, amayi. Akumusamala.”

Ndinati, “Tisafooke. Ndikauza abusa, tisale kudya mpingo wonse, chinthu chimenechi chichoke m'nyumba mwako.”

Anandifinya dzanja mwamphamvu.

“Ayi, amayi. N'chimene ndabwerera. Musatero.”

“Bwanji, mwana wanga?”

“Mukamuthamangitsa, ine sindibwereramo. Ndayesa zonse, mwaona nokha. Dzenje lija silindibweza. Ndiye akachoka iyeyo, Tawina akadzadwalanso masana, bambo ake kulibe, adzamwa madzi a m'manja mwa yani? Ine sandimva. Sandidziwa. Adzafa ndi ludzu ine nditaima pompo ndi kapu.”

 

“Nanga ndikupempherere chiyani?” ndinafunsa.

“Ine musandivutikire. Anandilira kale, ndipo anandilira bwino. Mupempherere uyo ali m'nyumbayo. Sindikudziwa ngati anthu otere amatopa, kapena ngati tsiku lina amakumbukira kwawo. Mupemphe kuti asadzatope naye mwana wanga. Akhale mpaka Tawina akule, adziwe kudziphikira. Ndipo akadzafuna kupita, apite yekha. Asadzamutenge.”

Tinagwada pakhonde pomwepo. Pemphero lotere sindinaphunzitsidwe, ndipo sindikudziwa ngati kumwamba amalilandira. Ndinalipereka momwemo, mawu ake onse, osachotsapo. Popemphera ndinapinda manja anga awiri monga ndinazolowera, ndipo nditatsegula maso sindinamuonenso. Ndinaitana dzina lake kangapo. Mwina anali atapita. Mwina anali pompo, akuyankha.

Bambo Gelesomu amabwera kutchalitchi ndi mwana wawo Lamulungu lililonse, ndipo amakhala kumbuyo. Tawina akukula bwino. Zimene ndinamva ndi kuona zathera pamenepa. Amene mumapemphera, mukagwada muwonjezereko mawu aja: asadzatope naye, ndipo asadzamutenge.